Colonel, epitome, subpoena ndi anzake: tithandizane katchulidwe ndi matanthauzo

Nachisale:
Moni nonse pagulu pano. Pali mawu a Chingerezi amene ana a Fomu 4 amapunthwa nawo akamawerenga mokweza, ngakhale ana amene amalemba bwino kwambiri. Ndasankha asanu ndi awiri oti tiyambire: colonel, epitome, hyperbole, subpoena, indict, awry ndi quay. Ndikupempha katchulidwe, tanthauzo, komanso chifukwa chake, poti mwana akadziwa chifukwa saiwala msanga. Kuti timvane polemba, phatikizo lotsindikidwa tizililemba ndi malembo akuluakulu, ndipo ph, th ndi kh tiziwerenga mwa Chichewa, monga mu phiri, thumba ndi khasu. Kumapeto kwa liwu tisawonjezere i kapena u ngati m'Chingerezimo mulibe.

a Mbewe:
Zikomo aphunzitsi. Ndiyambe ndi colonel. Amatchulidwa chimodzimodzi ndi kernel, njere ya chimanga. Maphatikizo ndi awiri okha, KHE-nl, ndipo "kolo" mulibemo. Liwuli linalowa m'Chingerezi m'zaka za m'ma 1500 kuchokera ku Chifalansa, ndipo nthawi imeneyo Afalansa ankati coronel, ndi r. Iwowo analitenga ku Chitaliyana, colonnello, kutanthauza wotsogolera colonna, mzere wa asilikali. Pambuyo pake olemba anabwezeretsa l kutsatira Chitaliyana, koma pakamwa pa anthu panatsala r. Ku Amereka r ameneyu amamveka mpaka lero, pamene ku Mangalande anasungunukira m'lembo la liwu lotalikalo.

Mnzake ndi lieutenant. Angerezi amati lef-THE-nant, Aamereka amati lu-THE-nant. Onse akulondola kwawo. Lieu ndi malo, tenant ndi wogwira, ndiye kuti wogwirizira malo a mkulu wake.

Epitome ndi hyperbole ndi a banja limodzi. Achokera ku Chigiriki, ndipo e wakumapeto amatchulidwa. I-PHI-to-mi, maphatikizo anayi. Hai-PHE-bo-li, anayinso. Ana amalakwa chifukwa anaphunzitsidwa kuti e wakumapeto sayankhula, monga mu home ndi pole, ndiye amati "epitomu" ndi "haipabolu". Epitome ndi chitsanzo chenicheni cha khalidwe linalake, munthu kapena chinthu chimene ukachiona waona khalidwelo lonse. Kale linkatanthauzanso chidule cha buku. Hyperbole ndi kukokomeza dala, monga timanenera kuti "ndafa ndi njala" uku tikuyenda. A banja lomweli ndi catastrophe, apostrophe, anemone ndi synecdoche, limene amati si-NEK-da-ki.

a Kwenda:
Subpoena ndi indict ndi mawu a kukhoti, ndiye ndiwatenge ine. Subpoena: sa-PHII-na. B samveka, ndipo oe amamveka ngati i wotalika. Ndi Chilatini, sub poena, kutanthauza kuti pali chilango ukapanda kumvera. Ndi lamulo lolembedwa loitana mboni kuti ikaonekere kukhoti kapena ibweretse zikalata. Anthu amasakaniza ndi summons, chisamani chija, koma kawirikawiri chisamani chimapita kwa woimbidwa mlandu pamene subpoena imapita kwa mboni.

Indict ndi in-DAIT, c ndi wongokhala. Kutanthauza kuimba munthu mlandu waukulu mwalamulo. Angerezi akale ankalemba endite, kenako ophunzira Chilatini anaikamo c kuti liwu lifanane ndi kholo lake. Chenjezo apa: musatengere pamenepa n'kuchotsa c paliponse. Mu verdict, predict ndi convict c amamveka bwinobwino.

Ena amene amapotozedwa tsiku lililonse: affidavit ndi a-fi-DEI-vit, kumapeto ndi t osati d, chikalata cholumbirira. Alibi ndi A-li-bai, Chilatini chotanthauza "kwina", umboni woti pamene mlandu unkachitika munthuyo anali malo ena. Silitanthauza chowiringula chilichonse ayi. Prima facie, Angerezi amati PRAI-ma FEI-shi, kuoneka poyamba kuti pali mlandu woti munthu ayankhe. Sine die, SAI-ni DAI-i, kuimitsa mlandu osatchula tsiku lobwerera. Gaol ndi jail yemweyo, kalembedwe kakale chabe. Ndipo mortgage ndi MO-gij, t samveka: mort ndi imfa, gage ndi chikole, chikole chimene chimafa ngongole ikatha kapena ikalephereka.

Kuchuluka kwa Chifalansa m'makhoti si ngozi. Kuyambira pamene William wa ku Normandy analanda England mu 1066, akuluakulu ankayankhula Chifalansa, ndipo lamulo loti milandu izikambidwa m'Chingerezi linadzabwera mu 1362. Mawu ngati plaintiff, bailiff, attorney ndi jury anatsalira nthawi imeneyo.

Nachisale:
A Kwenda, mfundo ya c wolowetsedwa dala ija ndi yothandiza kwambiri m'kalasi. Ndi nkhani yomweyo ndi b wa mu debt, doubt ndi subtle: det, daut, SA-tl. Anamuika potsatira debitum, dubitare ndi subtilis. P wa mu receipt chimodzimodzi. Koma s wa mu island anamuika molakwitsa, poganiza kuti ndi m'bale wa isle, pamene island ndi liwu la Chingerezi chakale lomwe linalibe s n'komwe.

Nasibeko:
Kuchipatala vuto lathu lalikulu ndi loti lilime lathu limatha zimene la Angerezi silitha. M'Chichewa tili ndi ps mu kupsa, kupsinja, kupsopsona. Ndiye tikaona psychiatry kapena psoriasis timamutchula p uja mosavutika, pamene Mngerezi amamusiya: sai-KHAI-a-tri, sa-RAI-a-sis. Pneumonia, chibayo, ndi nyu-MOU-nia. Mnemonic, kachidule kothandiza kukumbukira, ndi ni-MO-nik.

Asthma, mphumu, ndi AS-ma, th samveka. Phlegm, makhololo, ndi flem. Diaphragm ndi DAI-a-fram. Benign, chotupa chosafalikira, ndi bi-NAIN. Koma taonani, g ameneyu amadzuka liwu likatalika: malign ndi ma-LAIN koma malignant ndi ma-LIG-nant, phlegmatic ndi fleg-MA-tik, monganso sign ndi signature, kapena paradigm, PHA-ra-daim, ndi paradigmatic. N wa mu solemn ndi hymn amachitanso chomwecho mu solemnity ndi hymnal.

Pa matanthauzo ndikufuna nditsindike atatu chifukwa apa kulakwitsa kumavulaza munthu. Chronic sikutanthauza kuti matenda ndi oopsa, koma kuti ndi amgonagona, otenga nthawi yaitali. Acute ndi obwera mwadzidzidzi. Kachiwiri, hypo ndi kutsika, hyper ndi kukwera. Hypoglycaemia ndi shuga wotsika, hyperglycaemia ndi shuga wokwera, ndipo chithandizo chake ndi chosiyana kotheratu. Pakamwa pofulumira awiriwa amamveka ofanana, choncho pa foni nenani kuti low kapena high basi. Kachitatu, fifteen ndi fifty, thirteen ndi thirty. Wolandira mlingo wa mankhwala abwereze nambala imodziimodzi, "one five" kapena "five zero", asanatunge m'jekeseni.

Ndipo chonde, chiwalo cha abambo chija ndi prostate, r ndi mmodzi. Prostrate ndi kugwa chafufumimba.

a Gondwe:
Ku ulimi tili ndi awiri amene amasokoneza ngakhale m'malipoti: drought ndi draught. Drought ndi draut, chilala. Draught ndi draaft. Draught animals ndi ng'ombe kapena abulu okoka ngolo ndi pulawo, ndipo draught ndi kamphepo kolowa pazenera. Mukalemba "drought oxen" mwanena ng'ombe za chilala.

Malembo anayi a ough okhawa ali ndi katchulidwe kosachepera kasanu ndi kawiri. Plough ndi bough, nthambi, ndi au. Dough ndi though ndi ou. Through ndi u wotalika. Thought ndi bought ndi o wotalika. Tough ndi rough ndi af. Cough ndi trough, chomwera ziweto, ndi of. Thorough ndi borough amathera pa a wofooka. Lamulo palibe, aloweza ndi amene apulumuka.

Ziweto: heifer ndi HE-fa, ng'ombe yaikazi imene sinaberekepo. Ewe ndi yu, nkhosa yaikazi, kufanana ndi you. Sow akamanena nkhumba yaikazi ndi sau, koma akamanena kufesa ndi sou. Fallow ndi munda wogonekedwa kuti ubwerere chonde, tsala lija. Tilth ndi mmene dothi lafewera likalimidwa. Legume ndi LE-gyum, mbewu za mtundu wa nyemba.

Liwu lina lomwe alimi a mtedza amalimva kawirikawiri ndi aflatoxin, poizoni wochokera ku chuku. Linapangidwa podula dzina la chukucho, Aspergillus flavus: a, fla, kenako toxin. Anamutulukira pambuyo poti nkhukutembo zoposa 100,000 zafa ku England mu 1960 zitadya chakudya chosakaniza ndi mtedza wochokera ku Brazil. Kutsindika kuli pa TOK.

Namoyo:
Pepani akuluakulu, ine ndikukonzekera mayeso a MSCE. Zonsezi ndalemba, koma awry ndi quay sanayankhidwe. Komanso ch ndimamudziwa bwanji ngati ndi tch, k kapena sh? Mu archbishop ndi archive amayamba mofanana koma ndimamva anthu akutchula mosiyana.

a Mbewe:
Wafunsa bwino mwanawe. Awry ndi a-RAI, osati "ori". Ndi a kuphatikiza wry, chopindika. Zinthu zikapita awry ndiye kuti zakhota, sizinayende monga munakonzera. Quay ndi khii, chimodzimodzi ndi key, pokocheza sitima za pamadzi potsitsa katundu. Onjezerapo albeit, ol-BII-it, maphatikizo atatu, kutanthauza "ngakhale kuti", ndi segue, SE-gwei, kuchoka pa mutu wina kulowa wina mosadukiza.

Za ch, funsa kumene liwulo lachokera. Likakhala la Chingerezi chakale kapena Chifalansa cholowa kalekale, ndi tch: church, child, chair, chamber. Likakhala la Chigiriki, ndi k: chaos, chasm, chorus, orchid, architect, archive, archipelago, epoch, chimera. Mawu ambiri a sayansi ndi zamankhwala ali m'gulu limeneli. Likakhala la Chifalansa cholowa mochedwa, ndi sh: chauffeur, chalet, brochure, chandelier, charlatan amene ndi wonamizira ukatswiri, chagrin kumene ndi kukhumudwa kosakanikirana ndi manyazi, chassis amene ndi SHA-si, ndi cache amene ndi khash, phatikizo limodzi. Chief ndi chef ndi liwu limodzi lomwe linalowa kawiri, loyamba kale, lachiwiri mochedwa, ndiye ukumva kusiyanako.

Arch wotanthauza "wamkulu" ndi aatch patsogolo pa mawu ozolowereka: archbishop, archdeacon, archenemy. Archangel yekha ndi aak.

Abusa a Chirwa:
Ndilowepo ndi za kutchalitchi, chifukwa ambiri amawerengabe Baibulo la King James la mu 1611, ndipo m'menemo muli mawu ooneka odziwika koma tanthauzo linasintha. Awa ndi oopsa kuposa mawu achilendo, poti mawu achilendo umakafufuza, pamene awa umangodutsa uli ndi chikhulupiriro choti wamva.

Prevent pa 1 Atesalonika 4:15 si kuletsa, ndi kutsogola, kufika poyamba. Let pa Aroma 1:13 si kulola, ndi kutsekerezedwa. Tanthauzo lakale limeneli likadalipo m'mawu a m'pasipoti ya ku Britain akuti "without let or hindrance". Conversation pa Afilipi 1:27 si kucheza, ndi mayendedwe, khalidwe la munthu. Suffer pa Marko 10:14 ndi kulola: lolani tiana tidze. Meat ndi chakudya chilichonse, ndipo corn ndi tirigu kapena barele, osati chimanga, chifukwa chimanga chinachokera ku Amereka ndipo ku Palestina nthawi imeneyo kunalibe. Quick ndi wamoyo.

Prodigal nalonso anthu amaliyesa "wobwerera kwawo" chifukwa cha fanizo la pa Luka 15. Tanthauzo lake ndi wosakaza chuma. Chichewa chathu chinagwira bwino pamene chinati mwana wolowerera.

Paguwa: psalm ndi saam, epistle ndi i-PHI-sl, apostle ndi a-PHO-sl, diocese ndi DAI-a-sis, Job ndi joub osati job wa ntchito, Malachi ndi MA-la-kai.

Nabanda:
Moni kuchokera ku Leicester. Dzina la mzinda uno lokha ndi phunziro: LES-ta, maphatikizo awiri. Gloucester ndi GLOS-ta, Worcester ndi WUS-ta. Greenwich ndi GRE-nitch, Norwich ndi NO-rij, Warwick ndi WO-rik, w wapakati samveka. Reading ndi RE-ding. Edinburgh ndi E-din-bra, Loughborough ndi LAF-bra. Amene akubwera kudzagwira ntchito kuno aloweze asanagule tikiti ya sitima.

Pali malo amodzi pamene Chichewa chimatithandiza. Mu Thames, Thomas, thyme ndi Thailand, th si uja woluma lilime ayi, ndi th wathu weniweni wa mu thumba. Themz, THO-mas, thaim.

a Zulu a ku Chipata:
Ine ndili ndi funso lina, ndipo ndikulifunsa ndi mtima wonse. Kodi cholinga chathu ndi choti mwana wa ku Chipata kapena ku Mchinji azimveka ngati wobadwira ku London? Anthu a ku Scotland, ku India, ku Nigeria ali ndi kayankhulidwe kawo ndipo sachita nako manyazi. Ana ambiri amatseka pakamwa m'kalasi chifukwa anasekedwa atasakaniza l ndi r. Mwana woopa kuyankhula saphunzira chiyankhulo. Blantyre anatchedwa dzina la kwawo kwa David Livingstone ku Scotland, koma tikamati Bulantaya palibe amene wasochera.

Nachisale:
A Zulu, pa kuseka ana ndikugwirizana nanu kwathunthu, mphunzitsi wolekerera zimenezo akuwononga. Sitikufuna mwana asinthe mawu ake. Koma pali zinthu ziwiri zosiyana. Kamvekedwe ka kwanu ndi kako, palibe vuto. Kusintha liwu kukhala lina ndiye vuto. Bulantaya ndi Chichewa, monga sukulu, sitolo, buledi ndi supuni, ndipo m'Chichewa ndi zolondola. Koma collect ndi correct, pray ndi play, alive ndi arrive ndi mawu osiyana. Kwa ife l ndi r ndi liwu limodzi, n'chifukwa chake malamulo a kalembedwe amangoti r azibwera pambuyo pa e ndi i. Mwana sakulakwa, khutu lake silinaphunzitsidwe kusiyanitsa. Muonetseni: pa l nsonga ya lilime imakhudza nkhama kuseri kwa mano akumtunda, pa r imayandikira koma osakhudza. Mphindi zisanu patsiku ndi mawu awiriawiri otere, ayambe wamva kusiyana asanayese kutchula.

a Mbewe:
Ndiwonjezere kuti chimene chimasocheretsa womvera kwambiri si l ndi r, koma kutsindika. M'Chichewa timakoka phatikizo lachiwiri kuchokera kumapeto, pafupifupi liwu lililonse, ndipo malembo a liwu onse asanu timawatchula mokwanira. Chingerezi cha ku Britain chili ndi mamvekedwe a liwu pafupifupi 20, ndipo phatikizo losatsindikidwa chimalifooketsa kukhala ka a kofooka kotchedwa schwa. Ndiye ukasuntha kutsindika, mawu onse amasintha nkhope.

Malamulo ochepa amene amagwira ntchito: mawu othera ndi tion, sion kapena ic, tsindika phatikizo lotsogolera mathero amenewo. Othera ndi ity, ical, logy kapena graphy, tsindika lachitatu kuchokera kumapeto. N'chifukwa chake FOU-to-graf, fo-THO-gra-fi, fou-to-GRA-fik. Opatuka pa lamulo la ic ndi owerengeka: Arabic, Catholic, politics, rhetoric, lunatic, heretic, onsewa kutsindika kuli koyambirira.

Mawu ambiri a maphatikizo awiri, akakhala dzina tsindika poyamba, akakhala mneni tsindika kumapeto: record, permit, produce, contract, suspect. Refuse ndi RE-fyus akakhala zinyalala, ri-FYUZ akakhala kukana. Invalid ndi IN-va-lid, munthu wodwaladwala, koma in-VA-lid, chikalata chopanda mphamvu. Minute ya nthawi ndi MI-nit, koma mai-NYUT ndi kakang'onong'ono.

Determine ndi di-THE-min, examine ndi ig-ZA-min, "maini" mulibe. Ali mu undermine. Mischievous ndi MIS-chi-vas, atatu okha.

a Zulu a ku Chipata:
Pa kutsindika ndamva ndipo ndavomera. Pa malembo a liwu 20 aja ndikanenabe kuti tisavutitse ana. Hat, hut, heart ndi hurt chiganizo chimasiyanitsa chokha nthawi zambiri.

Nasibeko:
Nthawi zambiri inde, a Zulu, koma "heart" ndi "hurt" pa foni ya ambulansi ndi bwino asiyane.

Namoyo:
Nanga ndikakumana ndi liwu latsopano ndili ndekha, ndichite bwanji? Mu dikishonale muli tizizindikiro tina pakati pa mizere iwiri yopendekeka tomwe sindititha.

Nachisale:
Timeneto ndi malembo a IPA, malembo apadera osonyeza katchulidwe ka mawu, ndipo sufunika kuwadziwa onse tsiku limodzi. Yamba ndi kamzere kakang'ono kam'mwamba, ˈ. Kamaikidwa kutsogolo kwa phatikizo lotsindikidwa, osati pambuyo pake, ndipo apa ndi pamene ambiri amalakwitsa. Kachiwiri, timadontho tiwiri, ː, tikutanthauza kuti liwulo likokedwe. Kachitatu, e wozondoka, ə, ndiye schwa uja: usamutchule mwamphamvu, ngakhale palembedwa o kapena u. Kenako ʃ ndi sh, tʃ ndi tch, dʒ ndi j wathu, θ ndi th wa mu think, ð ndi wa mu this, ŋ ndi ng' wa mu ng'ombe. Chenjera ndi j, chifukwa mu IPA amaimira y.

Ukapeza liwu, werenga maphatikizo ake mu IPA osati m'kalembedwe. Comfortable akuoneka anayi koma ambiri amatchula atatu, Wednesday ndi awiri. Ngati uli ndi bandulo, madikishonale a Oxford ndi Cambridge a pa intaneti ali ndi mawu ojambulidwa a ku Britain ndi a ku Amereka. Mvera kawiri, tchula mokweza, dzijambule pa foni, yerekeza. Sankha mbali imodzi ndipo usasakanize: schedule ndi SHE-dyul ku Britain, SKE-jul ku Amereka. Potsiriza werenga matanthauzo onse ndi chiganizo chachitsanzo, osaima pa loyamba.

a Kwenda:
Pa matanthauzo, Namoyo alembenso awa chifukwa maonekedwe ake amanamiza. Enervate si kupatsa mphamvu, ndi kufooketsa. Noisome si waphokoso, ndi wonunkha kapena wonyansa, m'bale wake ndi annoy. Disinterested ndi wosakondera mbali, monga woweruza ayenera kukhalira, pamene wopanda chidwi ndi uninterested. Restive ndi wosakhazikika, wovuta kumugwira. Nonplussed ndi kusowa chonena chifukwa chodabwa, ngakhale Aamereka ena masiku ano amaligwiritsa ntchito motembenuza. Penultimate ndi wachiwiri kuchokera kumapeto, osati wopambana onse. Fortnight ndi masabata awiri, chidule cha fourteen nights. Sanction ali ndi nkhope ziwiri, kuvomereza ndi chilango, ndiye yang'ana chiganizo. Biweekly ndi bimonthly musawalembe m'mgwirizano uliwonse, chifukwa biweekly angatanthauze kawiri pa sabata kapena kamodzi pa masabata awiri, ndipo bimonthly kawiri pa mwezi kapena kamodzi pa miyezi iwiri. Lembani masiku enieni.

a Gondwe:
Limodzi lomwe lisasowe pamndandandawo ndi inflammable. Anthu amaona in n'kuganiza kuti ndi "chosayaka", monga invisible kapena incomplete. Ayi ndithu. Inflammable ndi flammable ndi chimodzi, chinthu chosachedwa kugwira moto, kuchokera ku inflame. Chosayaka ndi non-flammable. Mukaona inflammable pa chigubu cha mankhwala opopera mbewu, pa thini wa penti kapena pa thanki ya mafuta, chiikeni kutali ndi mbaula, nyali ya parafini ndi wosuta fodya, ndipo musachisunge m'nyumba yogona kapena m'nkhokwe ya chakudya.